Kodi n'chifukwa chiyani ana oleredwa pansi pa boma amachuluka m'ndende?

Funso: "Ine ndi amuna anga tapemphedwa ndi a zachisamaliro cha ana kuti tilere mnyamata wa zaka 13 amene anachotsedwa kwa makolo ake. Wadutsa kale m'mabanja atatu. Mlamu wanga akutiletsa, akuti ana otere mapeto ake ndi kundende ndipo tikungodziputira mavuto. Nanenso ndinawerengapo kuti akaidi ambiri anakulira m'manja mwa boma. Kodi n'zoona? Ngati n'zoona, vuto limakhala mwa mwanayo kapena m'kaleredwe kake?"

Mayi, mlamu wanu sananame, koma wanena theka la nkhani, ndipo theka limene wasiyalo ndi limene likukhudza inuyo. Ndagwira ntchito ndi ana ochotsedwa kwa makolo awo kwa zaka zambiri. Ena ndawaperekezapo kukhothi, ena ndakawaonapo kundende atakula kale, ndipo ena ambiri lero ali pantchito ndi pabanja. Funso lanuli ndi lolemera, choncho sindikunyengererani.

Ziwerengero zimene zakuopsanizo zilipodi, ndipo zodalirika kwambiri zimachokera kumaiko amene amasunga bwino kaundula wa ana otere. Ku England ndi Wales, bungwe la Prison Reform Trust linapempha Lord Laming kuti atsogolere kafukufuku, ndipo lipoti lake la 2016 linapeza kuti pafupifupi theka la ana otsekeredwa m'ndende za ana anadutsapo m'manja mwa boma, chonsecho ana oleredwa ndi boma sakwana ndi mmodzi yemwe pa ana 100 aliwonse kumeneko. Mu 2022 ofesi ya boma la Britain yoona za ziwerengero inaunika mbiri ya ana obadwa mu 1993 ndi 1994 amene anaphunzira ku England. Mwa amene analeredwapo ndi boma, 52 pa 100 aliwonse anali atapezekapo olakwa pa mlandu pofika zaka 24, pamene mwa anzawo ena anali 13 okha. Ku America, Mark Courtney ndi anzake a ku Chapin Hall, pa yunivesite ya Chicago, anatsata achinyamata oposa 700 a m'zigawo za Illinois, Iowa ndi Wisconsin kuyambira ali ndi zaka 17 mpaka 26, ndipo pofika pamenepo anyamata pafupifupi 8 mwa 10 aliwonse ndi atsikana oposa theka anali atamangidwapo.

Koma tayang'ananinso ziwerengero zomwezo. Kafukufuku wa 2022 uja anapezanso kuti amene anagamulidwa kukakhala kundende anali 15 pa 100 aliwonse. N'zochuluka zedi mukayerekeza ndi mmodzi yekha pa 100 aliwonse mwa anzawo, koma zikutanthauzanso kuti 85 sanagamulidwe zotero. Achinyamata amene Courtney ankatsata aja anali amene anakulira m'manja mwa boma mpaka kutuluka, osabwerera kwawo ndiponso osapeza banja lowatenga kukhala awoawo, ndiye kuti amene zinthu zinawavuta kuposa onse. Mawu oti "mapeto ake ndi kundende" si oona kwa ana ambiri. Choona n'chakuti chiopsezo chawo n'chachikulu, ndipo chili ndi magwero ake amene tingawaloze ndi chala.

Gwero loyamba ndi bala limene mwana amabwera nalo. Palibe mwana amene amachotsedwa pakhomo zinthu zili bwino. Katswiri wofufuza Cathy Spatz Widom anatsata ana oposa 900 amene makhothi a ku America anatsimikiza kuti anazunzidwa kapena kutayiriridwa pakati pa 1967 ndi 1971, n'kuwayerekeza ndi anzawo a msinkhu ndi umphawi wofanana. Mwa ozunzidwawo, 27 pa 100 anamangidwapo ali ana, pamene mwa enawo anali 17. Chimene chinadabwitsa ambiri n'chakuti kutayiriridwa kokha, kugona ndi njala, kusiyidwa wekha masiku angapo, kunasiya chipsera pafupifupi chofanana ndi cha kumenyedwa. Mwana amene wakula akudikira chibakera amakhala tcheru nthawi zonse. Mukakweza mawu pang'ono, thupi lake limamva ngati nkhondo yayamba, ndipo amathawa kapena amayamba iye kumenya. Amene wakula osadziwa ngati mawa adya amabisa chakudya pansi pa matiresi ngakhale m'nyumba muli mwanaalirenji, ndipo wosadziwa amati ndi wakuba.

Ndiye mwina mukuti, si ndiye kuti vuto ndi mwanayo? Akatswiri a zachuma awiri atatu anayesa kulekanitsa bala ndi kaleredwe mwa njira yochenjera. Ku America dandaulo la nkhanza likafika, limapatsidwa kwa wofufuza amene ali pamzere. Ofufuza ena ndi ofulumira kuchotsa mwana pakhomo, ena ndi ozengereza. Choncho pali ana ofanana m'zonse, amene wina anachotsedwa ndipo wina anasiyidwa chifukwa chabe cha amene anagogoda pachitseko tsikulo. Joseph Doyle wa ku yunivesite ya MIT anaunika ana otere ku Illinois, ndipo mu 2008 anapeza kuti amene anachotsedwa ankamangidwa atakula kuwirikiza kawiri kapena katatu kuposa amene anasiyidwa. Koma mu 2022 Jason Baron ndi Max Gross anagwiritsa ntchito njira yomweyo ku Michigan n'kupeza zosiyana kotheratu: kumeneko kuchotsedwa kunachepetsa kumangidwa kwa anawo atakula. Dziko ndi limodzi, njira yofufuzira ndi imodzi, mayankho awiri. Zikuoneka kuti kusiyana kwake kunali pa zimene zinachitikira anawo atachotsedwa. Ku Illinois m'zaka za m'ma 1990 ana ankakhalitsa m'manja mwa boma n'kumasamutsidwasamutsidwa, pamene ku Michigan ambiri ankakhala nthawi yocheperapo n'kubwerera kwa makolo amene athandizidwa kusintha.

Kwa ine apa ndi pamene pagona nkhani yonse. Bala limabwera ndi mwana, inde, koma chimene chimasandutsa balalo kukhala mbiri ya milandu kupolisi kawirikawiri ndi zosankha za ife akuluakulu, zing'onozing'ono, zambiri mwa izo zochitidwa ndi anthu a mtima wabwino amene atopa. Timati nkhuyu zodya mwana zipota akulu, koma kuno nkhuyu amadya ndi akulu, wopotedwa ndi mwana.

Chosankha choyamba ndi kusamutsa, ndipo pano ndichedwapo chifukwa mnyamata wanuyo wadutsa kale m'mabanja atatu. Akatswiri ofufuza Joseph Ryan ndi Mark Testa anapeza mu 2005, ku Illinois komweko, kuti kusamutsidwasamutsidwa kumakweza chiopsezo choti anyamata apalamule. Sindikanafuna kafukufuku kuti ndidziwe zimenezo. Ndimakumbukira mnyamata wina wa zaka 12 amene ndinamupititsa kubanja lake lachisanu. Katundu wake yense anali m'mapepala akuda awiri otayiramo zinyalala, chifukwa kumene ankachokako kunalibe amene anaganiza zom'pezera chikwama. M'galimoto sanalankhule. Titafika, mayi a pakhomopo anamusonyeza chipinda chake, bedi loyala bwino ndi kabati yopanda kanthu. Iye anaika mapepala aja pakona n'kukhala pansi pambali pake. Patatha milungu isanu ndi umodzi ndinakamuona, katundu anali akadali m'mapepala, ndipo mayiwo anandinong'oneza kuti amagona atavala nsapato. Nditam'funsa anangoti, "Ndikamasula ndidzamanganso."

Taganizani zimene mwana amataya pa kusamuka kumodzi. Sukulu, mphunzitsi amene anayamba kumumvetsa, anzake, timu ya mpira, dokotala amene amadziwa mbiri yake, nthawi zina ngakhale mng'ono wake amene watumizidwa kwina. Kusukulu yatsopano amapeza anzake ali patsogolo, amachita manyazi, amayamba kujomba kapena kusokoneza m'kalasi, kenako amaimitsidwa, ndipo mwana woimitsidwa sukulu tsiku lake lonse limathera pamsewu. Koma choopsa kwambiri n'chimene amaphunzira mumtima. Ana ambiri sapewa kuba chifukwa choopa lamulo ayi. Amapewa chifukwa pali nkhope ya munthu wina imene safuna kuiona itagwa. Mwana amene wasamutsidwa kasanu alibe nkhope yoteroyo. Ndipo poti akudziwa kuti tsiku lothamangitsidwa lidzafika ndithu, kudikirako kumamupweteka kuposa kuthamangitsidwa kwenikweniko, ndiye amalifulumizitsa yekha. Amatukwana, amaswa zinthu, amatenga ndalama pachikwama mwadala kuti aone ngati inunso muli ngati enawo. Olera akatopa n'kumubweza, iye amati ndinadziwa, fayilo yake imanenepa, ndipo banja lotsatira limavuta kupeza. Mapeto ake amatumizidwa kunyumba yosungirako ana ambiri pamodzi.

Kumeneko ndi kumene chosankha chachiwiri chimachitika kwambiri, chomwe ndi kuitana apolisi pa zinthu zimene kholo limathana nazo lokha pakhomo. Mwana wanu wobereka akapsa mtima n'kumenyetsa chitseko mpaka kuthyoka, mumakalipa, mumamulanda foni, mwina mumamuuza kuti akonze ndi ndalama zake. Simuimba kupolisi. Koma mwana yemweyo akathyola chitseko cha nyumba yosungirako ana, wathyola katundu wa bungwe. Wogwira ntchito amene ali pashifiti usikuwo, kawirikawiri wachinyamata, wolandira zochepa, wosaphunzitsidwa mokwanira ndiponso amene akuyang'anira ana angapo yekha, ali ndi fomu yoti alembe, ndipo mwina a inshulansi amafuna nambala ya kupolisi asanalipire. Amaimba foni. Pofika m'mawa kupsa mtima kwa mwana kwasanduka mlandu wowononga katundu, ndipo kukankha munthu amene anam'tsekera njira kwasanduka mlandu womenya.

Ndinaziona ndi maso pa mtsikana wa zaka 14. Anadikira mayi ake mwezi wathunthu, tsikulo anadzuka m'mamawa n'kudzikonza tsitsi. Cha kumasana foni inabwera kuti mayiwo safika. Sanalire. Anakhala chete mpaka madzulo, ndiye wina atamuuza kuti atsuke kapu yake, anaiponya pawindo galasi n'kusweka. Usiku umenewo anagona m'chitokosi. Pamene ndinkamutenga m'mawa, maliboni aja anali akadali kumutu. Pepala la apolisi linalemba za galasi, za mayi ake silinalembe kanthu. Mpaka lero nkhaniyi ikandibwerera mtima umandiwawa, chifukwa panalibe munthu woipa pamalopo, koma mwanayo anatuluka ndi mbiri ya mlandu imene anzake okhala ndi makolo, oswa magalasi omwewo, alibe.

Ryan ndi anzake anapeza mu 2008 ku Los Angeles kuti ana oikidwa m'nyumba zosungira ana ambiri ankamangidwa kuwirikiza pafupifupi kawiri ndi theka kuposa ana ofanana nawo oikidwa m'mabanja. China mwa zifukwa zake n'chakuti mukasonkhanitsa ana ovulala mumtima pamalo amodzi amaphunzitsana, koma china ndi foni ija. Umboni woti foniyo ili ndi mbali yaikulu unaoneka ku England. Bungwe la Howard League linayamba kulimbana ndi mchitidwewu mu 2016, ndipo mu 2018 boma linatulutsa ndondomeko yogwirizanitsa apolisi, makhonsolo ndi nyumba za ana kuti nkhani zing'onozing'ono zizithera pakhomo. Chiwerengero cha ana a m'nyumbazi opatsidwa milandu pa chaka chinatsika kuchoka pa 15 kufika pa 7 pa 100 aliwonse pakati pa 2014 ndi 2019. Anawo sanasanduke angelo m'zaka zisanu. Anasintha ndi akuluakulu. Kumbukiraninso kuti ku England mwana amatha kuzengedwa mlandu kuyambira zaka 10, ngakhale komiti ya United Nations yoona za ufulu wa ana inalangiza mu 2019 kuti msinkhuwu usachepere 14. Msinkhu ukakhala wotsika chonchi, mbiri ya milandu imayamba mwana asanathe n'komwe pulaimale.

Pali nkhani ya kuthawa. Fayilo imati mwana wathawa, koma mukam'tsatira mumam'peza kwa agogo ake, kapena pageti la sukulu ya mng'ono wake amene sanamuone chaka chathunthu. Ambiri sathawa kanthu, amathamangira munthu. Komabe lamulo limafuna kuti olera adziwitse apolisi, ndiye dzina lake limazolowereka kusiteshoni, ndipo tsiku limene adzapezeke pagulu la anyamata pamsewu, woyamba kugwidwa ndi iye amene akudziwika kale. Akakhala pa belo yokhala ndi lamulo loti azikhala pakhomo ikakwana nthawi yakuti, kuchedwa kamodzi kokha kwam'bweretsera vuto lina pamwamba pa loyambalo. Ndaonapo ana amene mlandu wawo weniweni unali umodzi waung'ono, koma kuphwanya malamulo a khothi mobwerezabwereza n'kumene kunawalowetsa m'ndende.

Kunja kumeneko kuli anthu amene amadziwa bwino lomwe kuti mwana wopanda womufunsa kuti wachokera kuti ndi wosavuta kumugwiritsa ntchito. Ku Britain magulu ogulitsa mankhwala ozunguza bongo amatuma ana kunyamula katundu wawo kuchoka m'mizinda ikuluikulu kupita m'matauni ang'onoang'ono, mchitidwe umene kumeneko amautcha county lines, ndipo ana a m'manja mwa boma ali m'gulu la amene amasakidwa kwambiri. Amayamba ndi nsapato zatsopano ndi mawu oti "ndiwe mng'ono wanga", mawu amene mwanayo wakhala akuwalakalaka moyo wake wonse. Kenako amamuberetsa katunduyo dala n'kumuuza kuti ali ndi ngongole. Tsiku logwidwa, wogwidwa ndi mwanayo. Kwa atsikana njira yake ndi yogwiriridwa. Lipoti la Alexis Jay la 2014 linapeza kuti ana osachepera 1,400 anachitidwa nkhanza zogonana ku Rotherham, tauni ya ku England, pakati pa 1997 ndi 2013, kuti ochita nkhanzawo ankasakanso ana a m'nyumba zosungira ana, ndiponso kuti akuluakulu ena ankaona atsikanawo ngati olakwa m'malo mowaona ngati ozunzidwa.

Tsopano tifike kukhothi, kumene chosankha chachitatu chimachitika, ndipo nthawi zambiri chimachitika pongosowapo munthu. Anyamata awiri agwidwa limodzi akuba m'sitolo. Woyamba, mayi ake afika apolisi asanamalize kulemba, akulira, akupepesa, akulonjeza kuti amulanga okha. Pakhothi bambo ake akhala kumbuyo kwake atavala jekete. Woweruza akuona mwana amene ali ndi kobwerera, ndiye amam'chenjeza n'kumupereka kwa makolo. Wachiwiri, olera ake anena kuti atopa ndipo sakumufunanso. Wa zachisamaliro cha ana amene amam'dziwa wasiya ntchito mwezi watha, watsopanoyo ali ndi mafayilo ochuluka ndipo sanamvepo kuti mwanayo wamangidwa. Woweruza akufunsa kuti kodi pali wamkulu amene wabwera naye, khothi lili zii. Belo imafuna malo okhala odziwika, iye alibe. Amatsekeredwa kudikira mlandu, osati chifukwa mlandu wake ndi waukulu kuposa wa mnzake, koma chifukwa palibe kom'pereka. Bungwe la Vera Institute linaona zimenezi ku New York, kuti ana oleredwa ndi boma ankatsekeredwa kwambiri kuposa anzawo pa milandu yaing'ono yofanana, ndipo mankhwala ake anali osavuta: kuonetsetsa kuti mwana akangomangidwa, omuyang'anira adziwitsidwe ndipo wina afike pakhothi. Ku Los Angeles nako kunapezeka mu 2007 kuti ana otere sankapatsidwa kawirikawiri mwayi wogwira chilango akuyang'aniridwa ali pakhomo. Ndipo mwana akangolawa ndende kamodzi, amatulukako ndi anzake atsopano, sukulu itamupita, ndiponso mantha a ndende atamuthera.

Ndipatuke pang'ono, chifukwa pali china chimene sindingachilumphe. Ana amene boma limachotsa sachokera m'mabanja a mtundu uliwonse mofanana. Ambiri ndi a m'mabanja osauka ndi a mitundu imene inaponderezedwa kale. Ku Canada kalembera wa 2021 anasonyeza kuti ana a mitundu ya eni nthaka anali 53.8 pa 100 mwa ana oleredwa m'mabanja a ena a zaka 14 kutsika m'munsi, chonsecho iwo ndi 7.7 okha pa 100 mwa ana onse. Ku New Zealand, komiti yaikulu yofufuza nkhanza m'malo osungira ana inapeza kuti pafupifupi mmodzi mwa atatu aliwonse amene boma linawaika m'nyumba zake pakati pa 1950 ndi 1999 anadzakhalapo m'ndende, ndipo a mtundu wa Māori, eni nthaka a kumeneko, ndi amene anakhudzidwa koposa. Anthu omwewo amene amachuluka m'kaundula wa ana ochotsedwa ndi amenenso apolisi amawaimitsa kawirikawiri pamsewu. Mwana wotere amakhala akuyang'aniridwa ndi maso a boma kuyambira ali khanda, ndipo woyang'aniridwa kwambiri amagwidwanso kwambiri.

Chomaliza ndi tsiku lokwanitsa zaka 18. Mwana wa pakhomo akakwanitsa zaka zimenezi palibe chimasintha. Akalephera mayeso amabwereza, ntchito ikatha amabwerera kuchipinda chake. Woleredwa ndi boma, m'malo ambiri tsikulo ndi limene thandizo limaduka. Mwa achinyamata a Courtney aja, pafupifupi mmodzi mwa atatu aliwonse anasowapo pogona asanafike zaka 26, ndipo munthu wosowa pogona amapalamula pongofuna kukhala moyo: kugona posaloledwa, kuba chakudya, kukhala kwa munthu amene amafuna malipiro a mtundu wina. Maiko ena anazindikira. America inakhazikitsa lamulo mu 2008 lolola zigawo zake kupitiriza thandizo mpaka zaka 21, ndipo England kuyambira 2014 imalola wachinyamata kukhalabe ndi banja lomulera mpaka zaka 21. Mu 2018 America inawonjezera lamulo lochepetsa ndalama zopita kunyumba zosungira ana ambiri n'kuzilozetsa kothandiza mabanja mwana asanachotsedwe. N'zabwino, koma malamulowa amagwira ntchito pokhapokha pali banja limene likufunabe mwanayo.

Mukaona njira yonseyi, muona kuti malo ambiri amene mwana amagwera ndi malo amene banja limodzi lokhazikika likanamugwira. Apa sindikukuuzani kuti mum'tenge basi. Ndikukuuzani kuti ngati mum'tenga, musam'tenge moyesa. Banja lachinayi lomubweza pakatha miyezi itatu lidzam'pweteka kuposa kukana lero. Khalani pansi ndi bambo a kunyumbako, muuzane zoona ngati nonse awiri mukufunadi, chifukwa mwana wotere amanunkhiza msanga amene sakumufuna pakhomo.

Musanayankhe, a zachisamaliro cha ana akuuzeni zonse, ndipo musachite manyazi kufunsa. Anachoka bwanji m'mabanja atatu aja, limodzi ndi limodzi? Anamangidwapo, ndipo pa nkhani yanji? Anavulazapo mwana wamng'ono kapena kumuchita zachipongwe, anayatsapo moto, ananyamulapo mpeni? Ngati muli ndi ana aang'ono pakhomo, mafunso amenewa si amwano, ndi udindo wanu, ndipo alipo ana ena ochepa amene amafunika chithandizo choposa chimene banja wamba lingapereke. Funsaninso kuti usiku zinthu zikavuta muimbira ndani, kuti alipo woti angamusunge masiku awiri inu mukafuna kupuma, kuti uphungu wa zamaganizo aupeza kuti, ndiponso kuti abale ake ali kuti. Kafukufuku wambiri amasonyeza kuti ana oleredwa ndi achibale sasamutsidwa kawirikawiri, ndiye ngakhale akhale kwa inu, azakhali kapena agogo amene amam'konda ndi anzanu pa ntchitoyi, si opikisana nanu. Makolo ake musawanyoze iye akumva, kaya anachita zotani. Mukanyoza iwo, iye amamva kuti mukunyoza magazi ake.

Mugwirizanenso lero, mitima ili m'malo, za zimene zingakuimbitseni foni kupolisi. Ine ndimalangiza kuti zikhale zochepa: moyo wa munthu uli pangozi, pali chida, mwana wina wachitidwa nkhanza, kapena iyeyo wasowa ndipo mukuopa kuti ali m'manja mwa anthu oipa. Mbale yosweka, chitseko, mawu otukwana, ndalama yosowa pachikwama, zimenezo n'zapakhomo. Zikhale ndi chilango chake, abweze, akonze, apepese, koma zithere m'nyumba. Ndipo mawu oti "ndikubweza kumene unachokera" asatuluke pakamwa panu ngakhale mutakwiya chotani, chifukwa ndi mawu amene iye akuwadikira kuyambira tsiku loyamba. Yembekezerani kuti milungu yoyamba adzakhala waulemu kwambiri, ndipo mavuto adzayamba pamene wayamba kukukondani. Olera ambiri amabweza mwana pa nthawi imeneyi poganiza kuti zalephereka, chonsecho m'pamene zayamba kugwira.

Tsiku lina foni ikhoza kulira usiku kuti ali kupolisi. Pitani, ngakhale muli okwiya, kukalipa mudzakalipira kunyumba. Asafunsidwe mafunso popanda wamkulu, ndipo pemphani loya. Nenani momveka kuti ali ndi pokhala ndipo mukum'tenga. Funsani ngati nkhaniyo ingathe kupatutsidwa osafika kukhothi, monga kubweza chimene waba kapena kukumana ndi wolakwiridwayo. Pangano la United Nations la ufulu wa ana la 1989, limene pafupifupi maiko onse anavomereza, limanena kuti kutsekera mwana kukhale njira yomaliza ndiponso kwa nthawi yochepa zedi, ndiye simukupempha chifundo chapadera ayi. Nkhani ikafika kukhothi, khalani kumbuyo kwake pamene woweruza angakuoneni, ndipo onetsetsani kuti wauzidwa zimene zinachitika tsikulo mlandu usanapalamulidwe. Ngati muona nsapato kapena foni yatsopano imene simunagule, kapena munthu wamkulu amene akumuimbira pafupipafupi, musadikire kuti agwidwe. Kanenereni msanga kwa omuyang'anira, mulembe ndi tsiku lomwe, kuti zikadzavuta padzakhale umboni woti mwanayo ankagwiritsidwa ntchito.

Mlamu wanuyo musakangane naye. Mufotokozereni zimene mwamva kwa a zachisamaliro cha ana, ndipo mum'pemphe kuti mnyamatayo akadzabwera adzam'patse moni ngati mmene amapatsira ana ena onse a pabanjapo, chifukwa mwana wa zaka 13 amafunika amuna achikulire oposa mmodzi omuitana ndi dzina. Za zaka 18 funsani panopa, zisanafike, kuti thandizo lidzatha liti ndipo inu mudzatani likadzatha. Akadzafika ndi katundu wake n'kukana kumasula, musamukakamize. Musonyezeni kabati yake n'kuisiya choncho. Mnyamata wa mapepala akuda uja anaika malaya ake oyamba m'kabati mwezi wachinayi, ndipo mayi aja anandiimbira foni usiku womwewo kundiuza.